Zisoti Zagolide

Hollis Tarver ankamuzindikira mkazi wake Loweruka lokha, ndipo si Loweruka lililonse ayi. Zinkatheka m'miyezi yokha ya mpira uja wonyamula m'manja, wosewera atavala zisoti, kuyambira pamene dzuwa la ku Alabama layamba kufatsa mpaka masamba atatha kuyoyoka, ndiponso pokhapokha timu ya koleji ya Tallaby ikamwetsa chigoli. Mnyamata wa chisoti chagolide akangodutsa mzere mpira uli kukhwapa, Hollis ankatembenuka, n'kufunafuna dzanja la munthu amene wakhala kumanzere kwake, n'kunena kuti, "Waona, Earline?" Akatero ankakhala naye ndithu kwa kanthawi, mwina mpaka kumufunsa ngati wazimitsa chitofu kunyumba. Kenako zinkazimanso. Masiku ena onse Earline anali "mayi", chimodzimodzi nesi, chimodzimodzi mzimayi wokolopa m'nyumba yosungira okalamba mmene Hollis ankakhala.

Mpira womwewo ndi umene unamuwononga mutu. Ali mnyamata, Hollis anasewerera Tallaby, ndipo ntchito yake inali yogunda anzake ndi mutu ngati nkhosa yamphongo kuti wonyamula mpira apeze njira. Anthu ankamutama kuti mwana wa a Tarver sagwa. Atamaliza sukulu analowa ntchito kufakitale ya mapepala, anakwatira Earline, ndipo zaka zonsezo ankakhala limodzi m'bwalo la Tallaby, Earline kumanzere. Koma chakudza sichiimba ng'oma. Zinayamba ndi makiyi opezeka m'firiji, kenako kusochera pochokera kutchalitchi chimene anabatizidwirako, kenako tsiku lina anamukungira chibakera mkazi amene sanamukalipirepo chikwatirane. Madokotala anati ndi kugundana kwa kale kuja. Chaka chino anawonjezera kuti mawu akumuthera, ndipo Earline asayembekezere kuti pofika nyengo ya mpira ya chaka chamawa mwamuna wake adzakhala akuyankhulabe.

Ndiye Loweruka limeneli linali la masewero otsiriza a chaka, ndipo Tallaby inkasewera koyenda, kutali kumpoto. Masabata apitawo anali atamudutsa Earline chabe. Ulendo wina Hollis anali ndi chifuwa, anagona tsiku lonse. Ulendo wina Tallaby inakwapulidwa osamwetsa n'chimodzi chomwe. Earline anali asanamve dzina lake pakamwa pa mwamuna wake chiyambire mwezi, ndipo ankachita mantha kuti akaphonya lero ndiye kuti basi.

Kale munthu sankafunsa kuti mpira wa Tallaby akauonera kuti. Ukatsegula TV unkaupeza pomwepo, tchanelo chomwecho chimene chinkalengeza zanyengo ndi mitengo ya thonje. Koma akuluakulu a koleji, amatayi aja, anaitulutsa timu mu ligi ya anansi n'kuilowetsa mu ina ya makoleji akutali amene munthu sanawamvepo, ati kumeneko n'kumene kuli ndalama za TV. Chichokereni apo masewero anamwazika ngati anapiye oona kabawi. Sabata ino tchanelo ichi, yamawa china, ina pa intaneti pokha. Adzukulu a anthu ankadziwa kuzisaka zimenezi. Earline analibe mwana, analibe mdzukulu, ndipo kunyumba kwake, kumapeto kwa msewu wafumbi, intaneti sinkafika.

Anali atafunsiratu mkati mwa sabata, ndipo nesi Denetra anamutsimikizira kuti aike mtima m'malo, TV ya m'chipinda chochezera imagwira zonse. Loweruka masana Earline anamuveka Hollis jekete yake yobiriwira ya Tallaby, anamukhazika kutsogolo, iye n'kukhala kumanzere. Nthawi yoyamba masewero itakwana, pa TV panali matimu ena. Denetra anadina apa, anadina apo, mpaka panatuluka mawu onena kuti masewero amenewa ali kwina kofunika kulembetsa mwapadera. Wolembetsa zoterozo anali wa muofesi, ndipo wa muofesi ankabwera Lolemba. Denetra anayesa kuwapeza pa foni yake, anawapezadi, koma Hollis anangokayang'ana kagalasiko n'kukakankha ngati mbale ya chakudya chimene sachifuna. Wailesi nayo sinkathandiza. Akamva mawu opanda nkhope ankadzuka n'kumasuzumira kuseri kwa makatani kufuna anthu amene akuyankhulawo. Hollis ankafunika aone zisoti.

Earline sanataye nthawi ndi kukalipa, ngakhale mawu anali pakhosi. Anasaina pakhomo kuti wamutenga, anamugwira pamkono mpaka pagalimoto, n'kumumanga lamba.

"Tikupita kuti, mayi?" anafunsa Hollis.

"Kumpira, bambo."

"Ndilibe nsapato zosewerera."

"Lero mukungoonera."

Anayambira kwa Cleotis, wometa tsitsi, amene anamumeta Hollis kuyambira tsitsi lili lakuda bii. Mu shopumo munali amuna odzaza, makosi ali m'mwamba kuyang'ana TV ya pakona, koma panali timu yaikulu ya m'boma lawo, ija ya osewera opita kukalemera. Earline atafunsa za Tallaby, mwamuna wina wa thovu kumaso anati Tallaby masiku ano ngakhale amayi a osewerawo akuisowa, ndipo wina anati mwina imaonetsedwa pa kamera ya mlonda wa pageti. Anaseka onse. Kenako anamuona Hollis ataima pakhomo m'jekete yobiriwira, akuyang'ana chithunzi chake m'galasi ngati akuona mlendo, ndipo kuseka kunathera pomwepo. Cleotis anamupatsa moni womutchula dzina, Hollis n'kuyankha mwaulemu ngati mmene munthu amayankhira wapolisi. Cleotis anawaperekeza mpaka panja, sizasi ili m'manja.

"Mayi Tarver, kwa Booker Tallaby iliko," anatero motsitsa mawu. "Inunso mukudziwa."

Earline anati ayesa kaye kumsewu waukulu.

Kumsewu waukulu kunali malo odyera aja a mapiko a nkhuku ndi mowa, a ma TV khoma lonse. Earline anamukoka Hollis kudutsa pakati pa matebulo, phokoso lili ngati la m'chigayo. Bwana wa pamalopo, mwamuna wa ndevu zometa bwino amene anabadwa Hollis atasiya kale kusewera, anamumvetsera akuyang'ana kwina. Anati ma TV onse ali ndi eni ake, ndipo ngakhale imodzi ikanakhala ya padera, zimene Tallaby ikuonekerapo iwo alibe, chifukwa palibe amazifunsa. Earline anamuuza kuti iye akufunsa. Bwanayo anapepesa kupepesa kwa anthu amalonda, kuja kwa mano okhaokha. Nthawi yomweyo timu yaikulu inamwetsa chigoli, chipinda chonse chinaphulika, ndipo Hollis anatseka makutu ndi manja. Anati akufuna kwa amayi ake. Amayi akewo anamwalira iye asanakwatire.

Mugalimoto Earline anakhala atagwira chiwongolero, injini asanalize. Theka la masewero linali litapita, ndipo malo otsala anali amodzi okha, kumene analumbira kuti phazi lake silidzapondako.

Booker Nunnally anasewera mzere umodzi ndi Hollis, phewa ndi phewa. Tsopano anali mwini wa malo ogulitsa matayala, wamimba, woseka mokweza, ndipo anali ndi nkhani imodzi imene ankaikamba paliponse pamene anthu a Tallaby asonkhana. Inali ya tsiku limene Hollis anagundidwa mpaka kugona chagada, n'kudzuka, n'kuyenda molunjika kukaima pagulu la timu ya adani, akumvetsera malangizo awo ngati mmodzi wa iwo. Booker anapita kukamugwira mapewa, anamutembenuza, anamununkhitsa mankhwala aja otsitsimula munthu wokomoka, ndipo Hollis anasewera mpaka mapeto. Anthu ankaseka mpaka kupukuta misozi. Earline nayenso anaisekapo zaka zambiri. Koma pa phwando la osewera akale, chaka chimene Hollis anayamba kusochera, Booker ataikambanso, Earline anaimirira pamaso pa anthu n'kulavula zakukhosi. Anamuuza kuti tsiku limenelo akanamusiya mnzakeyo apite kuchipatala m'malo momutembenuza, bwenzi lero akudziwa njira ya kwawo. Chiyambire pamenepo sanayankhulanenso, ndipo Booker sanapondeko kunyumba ya okalamba ngakhale kamodzi. Earline ankati ndi nkhanza. Ena ankati ndi mantha, poti Booker naye anali atayamba kuiwala mayina a makasitomala ake.

Earline analiza injini. Kunyada kwake anakusiya pamalo oimika galimoto paja.

Kwa Booker utsi wa nthiti za nkhumba unkaoneka munthu akadali kumsewu. Garaja yake inali yotsegula, mbendera yobiriwira ili pakhomo, ndipo mkati munali TV yaikulu ngati chitseko, ndi amuna achikulire ndi akazi awo pamipando ya pulasitiki, onse m'zobiriwira. Atawaona awiriwo akubwera pang'onopang'ono m'kanjira ka miyala, macheza anazima. Booker anaimirira, mbale ili m'manja, n'kusowa poiika.

"Alamu," anatero.

"Sindinabwerere inu. Ndabwerera TV."

"Ndi yanu. Khalani kutsogolo kuno."

Anthu anasuntha mipando mofulumira. Booker anamugwira Hollis paphewa n'kumutchula dzina lake la pabwalo, koma Hollis anangomuthokoza chifukwa cha mpando. Booker anapita kukatembenuza nyama imene sinkafunika kutembenuzidwa. Mkazi wa Booker anabweretsa tiyi wozizira ndi chigumu, n'kumunong'oneza Earline kuti Tallaby ikutsogola pang'ono, yamwetsa kale chigoli chisanathe chigawo choyamba. Earline anangogwedeza mutu. Chigoli chimenecho chinamudutsa ali kwa wometa tsitsi, ndipo madzi akatayika saoleka. Anakhala kumanzere kwa Hollis, n'kuika dzanja lake pabondo, poyera, kuti lisavute kupeza.

Chigawo chachiwiri chitayamba, Earline anayang'ana pa TV n'kuona kuti china chake sichili bwino. Anaona anyamata a malaya obiriwira ndi zisoti zagolide, koma anthu a m'garajamo ankakuwizira enawo, ovala zakuda kuyambira chisoti mpaka nsapato. Anafunsa mkazi wa Booker, ndipo anamuuza kuti akudawo ndiye Tallaby. Inali yunifolomu yapadera ya masewero otsiriza, ati a TV ndi opanga zovala anakonza kuti timu ioneke yamakono, ndipo anyamata a masiku ano amazikonda. Eni bwalowo, koleji ya kumpoto ija, mitundu yawo ya nthawi zonse inali yobiriwira ndi golide, chimodzimodzi ya Tallaby. Palibe amene anaziganizirapo kawiri. Aliyense m'garajamo ankatha kuwerenga dzina la timu pansi pa TV.

Hollis kuwerenga anasiya kale. Maso ake anali pa zisoti zagolide, ndipo nkhope yake inali itayamba kudzuka. Anasendera kutsogolo kwa mpando, milomo ikuyenda, akuwauza anyamata a kumpoto aja kuti atsike pansi, agunde ndi phewa.

Posakhalitsa mnyamata wovala zakuda anawakha mpira, anazemba mmodzi, anazemba wina, n'kudutsa mzere. Garaja inagwedezeka. Amuna a mawondo olumikiza ndi zitsulo anadumpha ngati ana, mkazi wina anataya tiyi, wina anayambitsa nyimbo ya koleji. Earline anatambasula dzanja lake. Hollis anatsonya, anapukusa mutu, n'kunena kuti anyamata athu agona.

Booker anali atamva. Anabwera n'kugwada pambali pa mpando, bondo likulira, n'kuloza pa TV.

"Iwe Hollis, athu ndi akudawo. Taona bwino, mzanga. Tamwetsa ndife."

Hollis anamuyang'ana, anayang'ana TV, anamuyang'ananso. Nkhope ija imene inali itadzuka inayamba kusokonezeka, ndipo manja anayamba kukwera kumakutu. Booker analimbikira, anamugwira mapewa kuti amulozetse bwino.

"Musiyeni," anatero Earline, osakweza mawu. "Musamutembenuzenso."

Booker anachotsa manja ngati wagwira mphika wamoto. Anadzuka movutikira n'kukaima kumbuyo kwa anthu.

Apa Earline anali atazindikira chimene chatsala. Ngati Hollis adzatchule dzina lake lero, ndiye kuti a zisoti zagolide amwetse chigoli. Iyeyu anali mkazi amene anaphunzira nyimbo ya Tallaby asanaphunzire Atate Wathu Wakumwamba, amene anakana kupita ku ukwati wa mphwake chifukwa unaikidwa tsiku la mpira. Tsopano anakhala pakati pa anthu a mtundu wake, m'garaja ya mbendera yobiriwira, akupemphera chamumtima kuti Tallaby igonje. Manyazi anali nawo, koma sanasiye kupempherako.

A kumpoto aja anamenya mpira ndi phazi n'kuudutsitsa pakati pa mitengo ya golo kamodzi, n'kupeza timapointi tochepa, koma zimenezo Hollis sankaziwerengera ngakhale ali bwinobwino. Ankati ndi chigoli cha anthu amantha. Masewero anapitirira, matimu akungokankhana pakati pa bwalo, dzuwa likupendeka panja, nyama ikuzizira m'mbale. Mphindi zotsiriza zitayandikira, kusiyana kunali kwakuti chigoli chimodzi chikanatembenuza zonse, ndipo mpira unali m'manja mwa a golide.

Anayamba kuyenda. Anaponya, anawakha. Anathamanga, anapeza njira. M'garaja munali kubuula ndi kutukwana, wina akuitana Yesu, wina akuitana kochi kuti achotsedwe ntchito. Hollis anali atatsala pang'ono kugwa pampando. "Tiyeni, ana inu," ankatero, ndipo mawu ake anali aja akale, a m'bwalo. Atafika pafupi ndi mzere, dzanja lake lamanzere linanyamuka pabondo lake n'kuyamba kuyenda lokha, likufufuza m'mphepete mwa mpando wa Earline. Earline analiona. Sanaligwire, poopa kumudzidzimutsa. Anangosendeza lake pafupi.

Anayesa koyamba, akuda anawabweza. Anayesanso, mpira unagwa pansi. Anayesa kachitatu, anatsala pang'ono kwambiri, moti munthu akanangogwa chafufumimba akanafika. Pa mwayi unayi umene malamulo amapereka unatsala umodzi, ndipo nthawi inali itatsala pang'ono kutha. Anthu onse m'garajamo anaimirira, ena atagwirana manja. Otsala pansi anali awiri okha kutsogolo kuja.

Mnyamata wa chisoti chagolide analandira mpira, anaweramitsa mutu monga Hollis ankachitira, n'kudziponya pamzere. Wakuda wina anakumana naye m'mwamba, chisoti pa chisoti, ndipo kugundanako kunamveka ngakhale pa TV. Mnyamatayo anagwa mzere asanaufike.

Phokoso limene linatuluka m'garajamo linaulutsa mbalame m'mitengo ya Booker. Anthu anakumbatirana, analira, anaimba. Pa TV anabwereza kugundana kuja pang'onopang'ono, anakubwerezanso, ndipo ulendo uliwonse amuna ankakuwa mokondwa, wina n'kunena kuti umenewo ndiye mpira wa kale. Pakona pa chithunzicho mnyamata uja anali chigonere, miyendo ili tantha, anthu a zikwama za mankhwala akumuthamangira. Amene anamuona anali Earline, ndi Booker amene anali chiimire kumbuyo osaimba nawo.

Dzanja la Hollis linabwerera pabondo lake. Anakhala akuyang'ana TV mpaka panabwera malonda a galimoto, kenako anapuma mozama n'kutsamira kumbuyo. Kuwala kuja kunali kukuchoka pankhope pake, ndipo Earline ankakuona kukuchoka. Sanadziwe kuti akulira mpaka pamene misozi inagwera padzanja lake lija, limene linali likadali m'mphepete mwa mpando.

Hollis anatembenukira kumanzere. Anamuyang'ana nthawi yaitali, mwachifundo, ngati mmene ankayang'anira anthu osawadziwa pamaliro. Anapisa m'thumba la jekete, anapeza kansalu kamene Earline yemweyo anakapindira mmenemo m'mawa, n'kumupatsa.

"Pepani, mayi. Inunso ndinu a Tallaby?"

Earline anavomera ndi mutu.

"Tinatsala pang'ono," anatero Hollis. Anayang'ananso anthu ovina aja, osamvetsa chimene akusangalalira, n'kuweramira kwa iye ngati akumuuza chinsinsi. "Bola Earline sanabwere lero. Iyeyo tikagonja amalira ngati inuyo."